Mapulezidenti a Celestina pa Lole ya Pulazi

Lole itatuluka pageti ya mishoni, Celestina anayamba kutchula mapulezidenti a ku Amereka chamumtima kuti asalire. Washington. Adams. Jefferson. Mayeso a Sitandade 6 ankayamba Lolemba. Tsikuli linali Loweruka, ndipo iye anali kumbuyo kwa lole, atakhalira matabwa atsopano, akubwerera ku pulazi ya fodya ku Centenary.

Anadzamutenga anali a Tete Lestina, mlongo wa bambo ake. M'banja mwawo anatsala awiri okha, iwo ndi bambo akewo, ndipo anachokera limodzi ku Dedza kalekale.

"Akukufuna kunyumba." Ananena zokhazo basi.

Ngakhale Sisitere, amene ankakaniza ana kupita kwawo pakati pa teremu, sanatsutse. Sisitereyo kwawo kunali ku Amereka, ndipo m'mawa umenewo anali atalira kale pamzere polengeza kuti Pulezidenti Kennedy wawomberedwa. Anangomugwira Celestina paphewa, maso ali ofiira, n'kulowa mu ofesi.

Chifukwa cha ulendowu Celestina ankachidziwa. Woyendetsa lole anali Jacinto, wochokera kudera la Tete, amene chaka chatha anatumiza anthu kukamufunsira ukwati. Amalume anavomera. Bambo okha ndiwo anakana. "Mwana wanga ayambe wamaliza mabuku," anatero.

Bambo ake, a Elifasi, ankaphikira mzungu wa pulaziyo. Magazini akale akatayidwa, iwo ankatola n'kubwera nawo kukomboni kuti Celestina awawerengere. Ankakonda za Lincoln. "Uja anamasula akapolo uja, tabwerezanso," ankatero, akusenda chinangwa.

Koma lero onani. Jacinto wavala jekete pa tsiku la ntchito, ndipo akulephera kumuyang'ana kumaso. Palole pali matumba awiri a ufa ndi limodzi la nyemba, chakudya cha khamu la anthu. Matabwa nawo akununkhira utuchi, a bedi la nyumba yatsopano ndithu. Basi, bambo agonja. Ndipo alibe ngakhale mtima wobwera okha kudzamuuza.

Madison. Monroe. Adams winanso.

"Ukung'ung'udza chiyani wekhawekha?" anafunsa a Tete.

"Za mayeso, Tete."

"Nena mokweza, msewu ufupike."

Celestina sankakonda kuyankhula pamaso pa akuluakulu, koma mawu anangotuluka okha. Anawauza za Roosevelt, amene miyendo yake inafooka koma anthu anamusankha kanayi. Kenako anawauza zimene Sisitere analemba pabolodi m'mawawo: kuti ophedwa ali pampando tsopano akwana anayi. Lincoln anamuwombera akuonera sewero. Garfield, pa siteshoni ya sitima. McKinley, akupereka moni wa padzanja kwa anthu. Uyu wa dzuloyu, ali m'galimoto yopanda denga, mkazi wake ali pambali.

"Onsewo anadzuka bwinobwino m'mawa mwake?"

"Bwinobwino, Tete."

A Tete anayang'ana mitengo ya misasa imene inkathamangira kumbuyo. Fumbi linali litawadetsa m'zikope.

"Ali ndi ana, wa dzuloyo?"

"Awiri. Aang'ono."

"Wamkazi alipo?"

"Alipo. Ndiye woyamba."

"Wakamuuza ndani?"

"Wailesi sinanene."

"Azungu nawo," anatero a Tete chapansipansi. "Nkhani yotere kumangoiponya pamphepo ngati mtengo wa fodya."

Lole inadumpha pa dzenje, matabwa analira pansi pake, ndipo Celestina anaiwala amene anabwera pambuyo pa Jackson. Anayesa kuyambiranso, osatheka. Dzina limene ankalidziwa ngati lake lomwe linangosowa. Pamenepo ndi pamene anachita mantha enieni: kuti onse adzasowa chomwechi, mmodzimmodzi, iye akutsuka mbale za Jacinto.

"Tete," anatero, "ine Jacinto sindikumufuna."

A Tete anatembenuka.

"Ababa analonjeza. Anati ndimalize. Kwangotsala masiku awiri, Tete, awiri okha! Sakanadikira?"

"Khala bwino, ungagwe."

"Ndikawafunsa pamaso pa anthu onse. Kaya amalume akhalepo. Ndikawafunsa."

A Tete anamasula kathumba kawo, natulutsa duku. "Vala kumutu. Sungafike mutu uli pamtunda."

Celestina anavala. Akanatani? Ankadziona kale atakhala pamphasa, mutu uli pansi, amayi a m'komboni akumulangiza za banja.

Analowa m'malire a pulazi dzuwa litapendeka. Mvula inali itagwa, nthaka ili yofewa, nthawi yeniyeni yowokera fodya. Koma m'minda munalibe munthu ndi mmodzi yemwe. Makasu anali atangosiyidwa m'mizere, mbande zikufota m'madengu. Mpaka mzungu wapereka tchuthi? Celestina anamva manyazi kuti pulazi yonse ikudziwa, iye yekha ndiye womaliza.

Jacinto sanafike nayo lole kukomboni. Anaimika patali, pafupi ndi mabalani a fodya, n'kuzimitsa injini. Anatsika, anavula chipewa, naima chozolika.

Celestina anatsika ndi sutikesi yake. Kutsogoloku, pakhomo pawo, amuna ambirimbiri anali atakhala pansi pa mtengo. Anawayang'ana mmodzimmodzi, akufuna nkhope imodzi yokha.

"Ababa ali kuti? Ndikufuna andiuze okha ngati Lolemba ndikubwerera kusukulu."

A Tete anayenda mapazi atatu, anaika manja onse kumutu, ndipo mawu amene anawasunga msewu wonse anang'amba komboni.

"Achimwene anga ine! Elifasi, dzuka! Mwana wako uja ndabwera naye!"