Mfundo Yofiira pa Chingwe

Nkhungu inakhotera mu msewu wa osoka zovala dzuwa lili paliwombo. Kunalibe mphepo, koma iyo inkangoyenda yokha, ikununkhiza makomo ngati galu wosochera. Anthu anakokera ana m'nyumba n'kutseka mawindo. Mayi wina telala yekha ndiye anatsegula chitseko, n'kutulutsa mwamuna wake pa wilibala.

Khalidwe la nkhungu imeneyi aliyense ankalidziwa. Inkadya zaka. Munthu akalowamo ankabwerera m'mbuyo, thupi ndi maganizo omwe, ndipo zonse za m'zaka zodyedwazo ankaziiwaliratu. N'chifukwa chake wolowamo ankamumanga chingwe m'chiuno: mkono umodzi wa chingwe, chaka chimodzi. Wogwira chingwe akachita chibwana, ankatulutsa khanda m'malo mwa bambo.

Mwamuna wa telalayu anagwa pakhomo m'mawa wina zaka zambiri zapitazo, mbali imodzi ya thupi n'kufa, pakamwa n'kupotoka. Kuchokera tsiku limenelo sanatulutsenso liwu. Banjali linalibe mwana woti n'kuwathandiza. Mkaziyo ankamusambitsa, kumutembenuza, kumupukuta dovu, kenako n'kubwerera pa makina kukapalasa mpaka miyendo kutupa. Imvi zinamupeza nthawi isanakwane. Abale a mwamuna, aja ankadzaza nyumba mphika ukamanunkhira, anaiwala njira.

Amene sanaiwale njira anali mlamu wake, mchemwali wamkulu wa mwamunayo. Ameneyu ankabwera kudzakhala pampando n'kumausa moyo, osachapako ngakhale nsanza imodzi. Lero anali ataima pakhomo, akutchinga wilibala.

"Mlamu, musiyeni momwe alilimu. Mwazolowerana kale," anatero mlamuyo.

"Ndazolowera chiyani? Matewera? Ine ndikufuna mwamuna wanga ayankhulenso, basi."

"Si zonse zobwerera zimene zili zabwino."

"Nenani zoona. Mukufuna afe kuti nyumbayi mutenge. Ndimakuonani mukuyeza zipinda ndi maso."

Mlamuyo anapatuka, ndipo telala anaona kuti walasa penipeni. Mtima wake unadzaza ndi chidani. Munthu wanji wokaniza mchimwene wake kuchira?

Chingwecho telala anali atachiyeza ndi tepi yake yosokera, n'kuchiyezanso, monga amachitira ndi nsalu ya mwini wake wovuta. Pamalo oyenera anamangapo mfundo ya kansalu kofiira. Ankafuna nkhungu idye matenda okha, ifike pa m'mawa umene mwamunayo anagwa, n'kulekera pomwepo. Za ukwati wawo sankafuna kuti lidyedwe ngakhale tsiku limodzi. Mwamuna wake anayenera kukumbukira zonse: kachipinda ka lendi kodontha komwe anayambira banja, makina amene anagula limodzi, kuseka kwawo.

Nkhungu inafika pakhomo n'kuima, ngati ikudikira. Telala anamanga mwamuna wake chingwe m'chiuno n'kukankhira wilibala kutsogolo. Nkhunguyo inaimeza, chingwe n'kuyamba kuthamanga m'manja mwake, chikumuwotcha zikhatho. Mfundo yofiira inkayandikira.

Mlamu uja anamugwira dzanja. Nkhope yake inali itanyowa misozi.

"Onjezaniko mikono iwiri yokha, mlamu. Chonde, ndakupemphani."

"Kuti andiiwale? Chokani apa."

Telala anamukankha ndi chigongono. Mfundo itangokhudza chala chake, anaponda mwamphamvu n'kukoka. Anakoka mpaka msana kulira, msana womwewo umene unanyamula bamboyo zaka zonsezi. Chingwe chinalemera, kenako chinapepuka. Nkhungu inasuntha, n'kupitiriza ulendo wake kumunsi kwa msewu.

Mwamunayo anatulukira akuyenda ndi miyendo yake. Anali wowongoka, tsitsi lili bii, pakamwa pali bwinobwino. Anamasula chingwe m'chiuno modabwa, n'kudzisasa fumbi pa malaya. Mawindo anayamba kutseguka, anthu akusuzumira. Telala anagwada pansi, akulira ndi chimwemwe, manja atatambasula.

Bamboyo anayang'ana mayi wa imvi wowondayo, n'kuwerama pang'ono mwaulemu monga achitira munthu kwa mlendo wachikulire, n'kumulambalala. Amene anamuzindikira anali mchemwali wake, poti wosadwazika matenda sakalamba msanga. Anamuyandikira, n'kusuzumira m'nyumba mwakabisira.

"Achemwali, telala uja mwamuuza?" anafunsa. "Ine misozi yake sindikuifuna. Achotse makina akewo dzuwa lisanalowe. Mayi wa ana anga akulowa m'nyumba muno lero."

Liwu linabwereradi, lomveka bwino, moti msewu wonse unamva.