Sitima ya ku Funafuti

Sitima italira padoko la Tarawa, Selepa anali atakumbatirabe mkeka womwe analukira amayi ake.

"Tinavota limodzi kuti zilumba zathu zipatuke ku ulamuliro wa ku Tarawa kuno, tikhale dziko patokha," anatero Faiva, mlongo wake. "Lero sitima yopita kwathu ku Funafuti yabwera, iwe ukutsala?"

Selepa anacheukira mwamuna wake Tebano, mbadwa ya pa Tarawa pompo, ali chiimire ndi mwana paphewa. Chivotereni, Tebano sanatchulepo nkhaniyi.

"Mukawauze amayi kuti ndidzabwera, achimwene."

"Udzabwera ngati mlendo."

Faiva anasolola mkeka uja n'kukwera, osacheuka. Manja a Selepa anatsala ali lende.

"Tiye kunyumba," anatero Tebano chapansipansi. "Paja munapambana."