Matumba Awili a Feteleza

Fiskani, mlimi wa ku Chikomeni, anatsamiza njinga pakhoma la nyumba ya mkulu wake, nalisisita ngati ng'ombe yonenepa.

"Akulu, mwini nyumba yotele angalephele matumba awili a feteleza? Chimanga changa chikuchita chikasu."

Mkulu wakeyo, Luckson, amene anali mphunzitsi, anangopuma mozama.

"Mwini wake ndi banki, iwe. Zaka zonsezi akundidula pa malipilo, koma zambili zimathela ku chiwongola dzanja. Ngongole yeniyeniyo sikusuntha. Podzamaliza ndidzakhala nditalipila nyumba ziwili, n'kumagona mu imodzi."

"Nanga alamu anu ndikawauze chiyani?"

Luckson analowa m'nyumba, natuluka atakumbatila wailesi.

"Kagulitse, mwina upezapo theka la thumba. Muno changachanga n'chimenechi."