Diresi la mkono umodzi

Anzanga, atelala aja atuluka mu nkhungu! Ndawaona ndi maso angawa lero m'mawa pageti la sukulu, ali pampando wawo, makina patsogolo, maphini atatu ali kukamwa. Ukwati womwe unalephereka zaka ziwiri zapitazo ukuchitika ndithu. Amene simukuidziwa nkhaniyi, nayi.

Panali bambo wina mumsewu wathu, telala waluso koma wozengereza koopsa. Mwana wawo wamkazi, yemwe ndi nesi, anapeza banja, ndipo ananena poyera kuti sadzavala diresi losokedwa ndi munthu wina. Nsalu anawapatsa kudakali miyezi itatu. Iwo anayamba kuidula Lachinayi, ukwati uli Loweruka.

Kwa inu akutali, kuno kuli nkhungu yoyenda yokha. Sitsatira mphepo, imangoyenda m'misewu pang'onopang'ono ngati ng'ombe yokhuta, ikafika pamphambano n'kusankha yokha kolowera. Kumutu kwake munthu akhoza kukhala tsiku lathunthu, kunja kuno patangodutsa mphindi zochepa. Kumchira zimatembenuka, ndipo chimene mchirawo wagwira umapita nacho. Ophika buledi amaidziwa bwino. Ikamadutsa amaika mtanda pathabwa lalitali n'kuulowetsa kumutu uku akuyenda nayo limodzi, akamautulutsa uli wofufuma kale. Koma eniakewo salowetsamo ngakhale chala.

Lachisanu m'mawa, diresi lilibe mikono, atelala anakokera makina pamsewu kuti akasokere kumutu kwa nkhunguyo. Akazi awo anawagwira malaya, kuwachonderera kuti apemphe telala mnzawo awathandize mwakachetechete, mwana sadziwa. Anakana, ati dzina lawo lingaonongeke. Wophika buledi wina naye anawakumbutsa kuti nkhunguyo imayenda, pomwe makina amafuna munthu akhale pansi.

"Inu phikani buledi, achimwene," anatero atelala. "Ine ndizisuntha mpando."

Nkhungu inawakuta, inadutsa, pamsewu panatsala lumo lokha.

Loweruka alendo anadya chakudya chaukwati popanda ukwati. Mayi ake a nesi anati agule diresi lina, nesi anakana, ati adikira bambo ake. Tsiku linasinthidwa kanayi. Mkamwini, yemwe amayendetsa basi, poyamba ankapirira, mpaka ankatsatira nkhungu ndi basi yake akuliza hutala ndi kukuwa kuti apongozi atuluke. Anayesa kuponyamo chingwe, chingwe chinapita. Anaponyamo kalata atamangirira pamwala, ziii. Achibale ake anayamba kumufunsa ngati akukwatira munthu kapena diresi. Mwezi wathawu kuntchito anamusamutsira kutali, ndipo anauza nesi kuti Lamlungu likubwerali akunyamuka, kaya ndi mkazi kaya yekha. Nesi analira, koma mutu wouma anatengera bambo ake omwewo.

Ndiye lero, ife tili pamzere, nkhungu inadutsa pageti n'kuwasiya pamenepo, akupalasa makina ngati palibe chachitika! Tinathamanga kukaitana akazi awo. Mayiwo sanalire, sanakuwe. Ananyamula diresi, kulitembenuza uku ndi uku.

"Zaka ziwiri, bambo, mkono umodzi?"

Atelala analavula maphini n'kunena kuti asawanamize, iwo achoka pakhomo dzulo lomweli. Kenako anaona mtengo wapageti womwe anausiya uli kamtengo, anangoti kukamwa yasa. Akazi awo anawapanikiza kuti anene chimene anachita ndi tsiku lathunthu lakumutu kwa nkhungu lija. Anayankha motsitsa mawu kuti ataona kuti nthawi ilipo yambiri, anayamba kaye kupukuta makina, kuthira mafuta, kusanja ulusi, kenako anati atsamire pang'ono. Podzidzimuka anali kumchira, ndipo mkono umodziwo anausoka mothamanga, osadziwa kuti akamaponda makina kunja kuno ikupita miyezi.

Nesi anafika ndi yunifolomu yakuntchito. Anawakumbatira bambo ake, anawamenyanso paphewa. Iwo anamulonjeza kuti mkono winawo autsiriza madzulo ano, angowapatsa kanthawi.

"Ayi ababa, musalikhudzenso," anatero nesi, diresi atalikulunga kale kukhwapa. "Ndivala momwemu. Ndatopa."

Mkamwini atamva anaimitsa basi pakati pamsewu, anthu ali momwemo, n'kuthamanga kukauza abusa.

Phunziro: Wozengereza ukamuonjezera nthawi amaonjezera tulo, ndipo amene amavutika ndi omudikira. Akakuchenjezani anthu odziwa, mverani. Tumizani uthengawu kwa aliyense amene ali ndi ntchito ya eni yomwe sanaiyambe. Ndipo inu anzanga, mawa teni koloko mubwere kutchalitchi mudzaone nokha mkwatibwi wa mkono umodzi, ine ndikakusungirani malo kutsogolo.