Paki ya Wezzie

Nkhaniyi anandiuza ndi Lasten m'basi ya ku Thamesmead.

"Musakhudze, bambo a Wezzie!" anakuwa Ellen.

Chimwalirire mwana wawo, Ellen ankangokhalira pakompyuta osadya, kuyang'ana paki yamasewera imene Wezzie anamanga m'gemu. Tsono mwamuna wake Weston anapeza pa intaneti kasitima kam'malere kopangidwa ndi osewera ena.

"Ndingomuikira basi, amayi a Wezzie. Paja ankakafuna," anatero Weston.

Kompyuta inafunsa ngati fayilo yatsopano ilowe m'malo mwa yakale. Weston anayang'ana mkazi wake, mmene anaondera, n'kudina povomera. Paki yonse inafufutika, kunangotsala udzu.

Mpaka lero Ellen samulankhula.

Lasten akuti dzanja linangophonya. Ine ndikukayika, poti Weston wakhala akukonza makompyuta ku Peckham zaka khumi.