Mafuta Otsokomoletsa

Alendo atatsamiritsa njinga zawo zamagetsi kumitengo ya maolivi, Ornella anapendeketsa chigubu. Mafuta a maolivi oti alendowo alawe anatsika pang'ono, kenako n'kungodontha. Anali omaliza pa amene mwamuna wake Fulvio anayenga asanamwalire.

"Mlamu, sungani amenewo, tiwapatse anga," ananong'ona Gaetano, mng'ono wa malemuyo. "Angasiyanitse chiyani anthu oti njinga ikuchita kuwapalasira?"

"Fulvio sankapatsa mlendo mafuta osatsokomoletsa," anayankha Ornella. "Anuwo ndi madzi, alamu."

Anagawa m'timatambula n'kuwaonetsa alendowo mmene mwamuna wake ankachitira: kufumbata katambula kuti mafuta afunde, kununkhiza, kenako kuwakoka ndi mpweya pakati pa mano.

Ornella anamwa ake. Kukhosi kunawawa ngati wameza tsabola. Anatsokomola kamodzi, kawiri, misozi n'kuyamba kutsika osalekeza.

"Eee, ndi aukalidi! Mpaka eniake kulira!" anaseka bambo wina amene anali asanavule chipewa cha panjinga. Onse anaomba m'manja.

Ornella anavomera ndi mutu, akumwetulira. Sanamwe madzi tsiku lonse, kuopa kutsuka m'kamwa.