Dengu Lobooka

Mvula inali itagwa mpaka achule kusasa mawu, koma chimkuzamawu cha Ofesi ya Nyengo chinkalengezabe m'mawa uliwonse kuti dzinja silinayambe. Aliyense wodzala chisanalole ankalandidwa munda. Motero anthu ankadandaulirana za chilala ataima m'matope.

Edesi sankatha kunama, ngakhale kusukulu ankadziwika nazo. Koma mpendadzuwa ukachedwa subereka, ndipo kwawo akanatha chaka akudya ndiwo zopanda mafuta.

"Sukudzala ayi," anatero mayi ake, akumusenzetsa dengu lobooka pansi. "Ukungoyenda m'munda mwathu. Mbewu ikatayika, imeneyo ndi ngozi."

Edesi anayenda mzere ndi mzere, chidendene chikukwirira ngoziyo mosamala.

Mbewu itamera, kunabwera a Gondoloza, oyendera minda a ofesi ija, matope ali m'mawondo. Mayi anali kuchigayo.

"Mwanawe, ndani wadzala pachilala chotere?"

"Zinatayika, bambo," anayankha Edesi, maso ali pansi.

"Zinatayika m'mizere yowongoka chonchi?"

"Ndimayenda mowongoka. Anatiphunzitsa kusukulu."

A Gondoloza anayang'ana timasamba tobiriwirato nthawi yaitali. Edesi anayamba kutsanzikana ndi mundawo chamumtima. Kenaka bamboyo anasuzumira kumsewu, n'kutsitsa mawu.

"Dengulo lilipo? Akazi anga akufuna kukayenda m'munda mawa."

Edesi anathamangira m'nyumba, n'kuwapatsa ndi manja awiri.

"Koma libwere msanga, bambo. Lachitatu alibwereka abusa."